Khadi la Mlendo Nambala 7

Lamlungu pa 11 Ogasiti 2024, nthawi ili 1 koloko masana, manesi a wodi ya amayi pa chipatala cha matenda a maganizo anasinthana ntchito. Monga mwa masiku onse, wotuluka ndi wolowa anaima pakhomo la chipinda chochezera n'kuwerenga mitu. Pabolodi panalembedwa 24. Anawerenga okhala pamabenchi, ogona m'mabedi, awiri amene anali kuchimbudzi, ndi mmodzi amene anali pampopi wa kuseri. Mitu inakwana. Nesi wam'mawa anasaina m'buku, anakoleka chikwama paphewa n'kuthamangira basi.

Mutu wa pampopiwo sunali wa wodwala. Mwini wake anali atapereka msana, atawerama, akuchapa bulauzi, atavala diresi lobiriwira la chipatala.

Kwawo ankamutcha Kalendala, chifukwa kuyambira ali mwana sankaiwala tsiku la chinthu chilichonse. Anali ndi zaka 37 ndipo ankagwira ntchito ku ofesi ya zanyengo, kumene ankalemba kutentha ndi mvula katatu patsiku. Tsiku limeneli anabwera kudzaona mng'ono wake, Mzime, wa zaka 31, amene ankafanana naye moti anthu a m'sitolo ankapatsa mmodzi moni wa mnzake.

Mzime anabereka mwana wake woyamba pa 2 Julayi. Kwa mwezi wathunthu sanagone tulo tooneka. Lachitatu pa 7 Ogasiti, Kalendala pobwera kuntchito anamupeza kubafa atagwada, mwana ali m'beseni, madzi atafika pakamwa. Mzime sanadzidzimuke. Anafotokoza mofatsa kuti mwanayo anali ndi litsiro mkati, losachoka ndi kusambitsa wamba, ndipo madzi anayenera kulowa. Lachinayi Kalendala anamubweretsa yekha kuno n'kusaina mapepala. Adokotala anati ndi matenda amene amagwira amayi ena akangobereka, ndipo ambiri amachira.

Malamulo a alendo anali achidule. Pageti mlendo ankasiya chikwama ndi foni m'kabokosi kachitsulo, n'kulandira khadi la chingwe lokoleka m'khosi. Wobweza khadi ndiye ankatenga za m'bokosi. Mlonda ankayang'ana nambala, nkhope sankazidziwa. Kalendala analandira nambala 7.

Anacheza bwino. Mzime anadya mpunga wonse, anayamikira siketi yochapa imene mkulu wake anamubweretsera m'jumbo, ndipo anaseka kuti anamupatsa bedi loyandikana ndi mayi woliza mkonono ngati thirakitala. Kenaka kapu yonse ya tiyi wamkaka inatayikira pachifuwa pa Kalendala. Mzime anapepesa, anathamanga kukatenga diresi lapadera pabedi lake, anamuthandiza kuvula juzi, khadi ndi nsapato, n'kumubwereka masilipasi.

"Kachapeni msanga, asisi. Tiyi akauma sachoka."

Kalendala anapita kumpopi mtima uli m'malo. Aka kanali koyamba m'masabata asanu kuti mng'ono wake alankhule ngati mwini wake.

Anabwerako 1:04. Juzi panalibe, nsapato panalibe, khadi panalibe. Diresi lobiriwira la Mzime linali litapindidwa bwino pansi pa pilo, ndipo jumbo ya siketi inali yopanda kanthu. Chitseko chachikulu cha wodi chinali chokhoma.

Anaima pakati pa mabedi n'kuwerengera. Belu la alendo linalira 12:50. Minibasi yoyamba imatenga mphindi 40, yachiwiri mphindi 25, ndiye kuyenda pansi mphindi zisanu. Pofika 2 koloko Mzime akhala ali pakhomo, makiyi a nyumba ali m'manja. M'nyumbamo munali mwana wa masiku 40 ndi bambo a Kalendala ndi Mzime, a zaka 74, ogontha khutu limodzi, amene chibadwire cha Mzime sanamukanizepo kanthu. Ndipo za kubafa zija bambowo sankazidziwa. Kalendala anawauza kuti Mzime watopa chabe, akapume kuchipatala masiku ochepa. Anaopa mtima wawo.

Chimene chinkafunika chinali foni imodzi, 2 koloko isanakwane.

Ofesi ya manesi inali ndi windo lagalasi lokhala ndi kabowo kolankhulira. Mkatimo munali nesi wamasana, mtsikana wa nkhope yotopa, wobwerekedwa ku wodi ya abambo chifukwa mnzake anadwala. Wodi imeneyi anali asanagwirepo. Kalendala anagogoda kawiri, pang'onopang'ono. Anaika manja poonekera. Anafotokoza zonse mwadongosolo, mawu ali pansi: iye ndi mlendo, wodwala ndi mng'ono wake, watuluka ndi khadi nambala 7, ndipo kunyumba kuli khanda limene lili pangozi. Anapempha kuti amuimbire nambala imodzi yokha.

Nesi anamvetsera mpaka kumapeto, cholembera chili m'kamwa. Anayang'ana diresi lobiriwira, masilipasi, bulauzi yonyowa m'manja. Anafunsa dzina la bambo, analipeza pabolodi, bedi 15, wolowa Lachinayi. Kenaka anati iyeyo ndi wachitatu lero kunena kuti ndi mlendo, ndipo m'mawa wina anawauza kuti ndi mwini chipatala, achotsedwa ntchito onse Lolemba. Sananene mwachipongwe. Anati lamulo silimulola kuimba nambala yopatsidwa ndi wodwala watsopano, koma aimba kugeti kuti mitima ikhale pansi.

Mlonda anayankha msanga. Makhadi anatuluka khumi ndi awiri, abwerera khumi ndi awiri. Nambala 7 inabwezedwa 12:52, mwini wake anasaina, anatenga chikwama chake, anatsanzika mwaulemu.

"Mwamva nokha, amayi," anatero nesi. "Asisi anu apita. Adzabweranso Lachitatu."

Pabenchi lapafupi panali mayi wonenepa amene wodi yonse inkamutcha Wailesi, chifukwa ankalankhula kuyambira kudzuka mpaka kugona. Iye anadukiza nkhani yake kunena kuti uyu si uja wa bedi 15, uja watuluka atavala juzi yabuluu, anamuona ndi maso ake akudutsa pakati pa alendo. Kalendala anatembenuka msanga. Koma Wailesi anapitiriza osapuma: anaonanso ndege zitatu zikuba mano a anthu, ndipo iye mwini anali ndi mimba ya zaka zisanu ndi chimodzi.

"Zikomo a Wailesi, tsitsani voliyumu," anatero nesi, akubwerera ku mapepala ake.

Nthawi inali 1:13. Kalendala anapempha kuti aimbire nesi wam'mawa. Nesi anayesa kamodzi, foni inali yozimitsa.

Apo chitseko cha kukhitchini chinatseguka, ndipo panalowa ngolo ya mbale ikukankhidwa ndi mayi wachikulire, wothandiza m'wodi, mpukutu wa makiyi ukulira m'chiuno. Anali atagwira pachipatalapo zaka 31 ndipo aliyense ankawatcha a Makiyi. Anali patchuthi masabata awiri, anayamba ntchito masana omwewo. Anaimitsa ngolo, anatsinzinira maso, nkhope yawo n'kumasuka.

"Aa, mwanawe, wabweranso? Ndaona dzina la kwanu pabolodi, ndimati kapena ndi wina. Wanenepatu."

Nesi anadzutsa mutu. Anafunsa ngati akumudziwa. A Makiyi anati kwambiri, ndi wathu wakale uyu, wa ku wodi yakale.

Zinali zoona. Kalendala analowa pachipatalachi Lachiwiri pa 3 Marichi 2009 ali ndi zaka 22, atatha masiku asanu ndi anayi osagona, akulalikira magalimoto pamsewu. Anatuluka Lachisanu pa 19 Juni, patatha masiku 108. Wodi yakaleyo inatsekedwa mu Novembala 2011, ndipo denga lake ladzimbiri linkaoneka pawindo, tsopano ili nyumba yosungiramo matiresi. M'masiku amenewo mabedi anali ndi mphete zachitsulo m'makona anayi, nesi mmodzi ankayang'anira anthu makumi asanu ndi limodzi, ndipo mankhwala akatha ankagwiritsa malamba. Kuchokera pamenepo Kalendala ankamwa piritsi limodzi tsiku lililonse ndi kuonana ndi adokotala miyezi itatu iliyonse, kuchipatala china, kutali ndi kuno. Kwa zaka khumi ndi zisanu sanaphonyepo. Kuntchito kwake palibe ankadziwa.

M'masiku 108 amenewo anaphunzira zinthu zimene palibe anamuphunzitsa. Munthu wovala zobiriwira akakweza mawu, alemba kuti walusa. Akalira, alemba kuti wavutika maganizo. Akaseka, alemba kuti akuseka yekha. Ndipo akanena kuti si wamisala, alemba kuti sakuzindikira matenda ake. Choncho anavomera kuti inde, anagonapo pano kalekale, koma wa bedi 15 si iyeyo. Anazimva yekha mmene mawuwo anamvekera.

Nesi anaganiza zomuthandiza. Anatsegula fayilo ya bedi 15 n'kunena kuti aimbira wachibale amene analembedwa m'menemo, kuti wodwala amve mawu a kwawo. Kalendala asanatsegule pakamwa, nesi anali atayamba kudina. Nambalayo inali yake. Iye ndi amene anailemba Lachinayi.

Foni inaitana kawiri. Nesi anaikweza mawu n'kuiyandikitsa pakabowo. Kunamveka injini, nyimbo, ndi kondakitala akuitanira anthu. Kenaka mawu a Mzime, odekha, aulemu, ofanana ndi a mkulu wake. Anati inde, wangochoka kumeneko, ndipo akupepesa chifukwa mng'ono wake lero mutu sukuyenda bwino.

"Amayamba kunena kuti iyeyo ndi ine. Musamukalipire, anesi. Akagona zimatha."

"Mzime," anatero Kalendala pakabowo. "Mzime, tsika minibasiyo. Mwana umusiye."

"Mukumva?" anatero mawu aja. "Ndikukamusambitsa mwana wakeyo panopa, mumuuze asadandaule."

Foni inaduka. Kalendala anachita chinthu chimene ankadziwa kuti sichichitidwa. Anamenya galasi ndi chikhatho, kamodzi kokha.

Wodi yonse inangoti zii. Ngakhale Wailesi anasiya. Amayi amene anali pafupi anayamba kusendera kumabedi awo mmodzimmodzi, ngati anthu oona mtambo wa mvula. Nesi anaimirira. Anawerenga tsamba lachitatu la fayilo, pamene adokotala analemba jakisoni wopereka wodwala akavuta, anatsegula kabati ya mankhwala, n'kuimba ku wodi ya abambo kuti amutumizire amuna awiri odzagwira. Anayankhidwa kuti akugawa chakudya, abwera pakatha mphindi khumi. Anauza a Makiyi kuti amuyang'anire.

Jakisoni ameneyo Kalendala ankamudziwa. Amagoneka munthu maola asanu ndi limodzi kapena kuposa. Wotchi ya pakhoma inkati 1:26.

Anakhala pansi pasimenti, msana kukhoma, manja pamaondo. Umu ndi mmene munthu amakhalira akafuna kuonetsa kuti watha mphamvu, ndipo thupi lake linakumbuka lokha. Chikhatho chinkayaka. Anadikira mpaka mpweya utabwerera m'malo mwake, kenaka anapepesa, moyang'ana pansi. Anati walakwa, ndipo jakisoni alandira popanda kumugwira. Anangopempha kuti podikira amunawo amulole afunse mafunso awiri.

Nesi, amene anali kuswa kabotolo ka mankhwala, anati afunse.

Loyamba linapita kwa a Makiyi: anamudziwa liti? A Makiyi anati chaka sangakumbuke, koma kunali ku wodi yakale, isanatsekedwe. Lachiwiri linapita kwa nesi: tsamba loyamba la fayilo likuti wodwalayo anabadwa liti, ndipo anagonapo kale m'chipatala chotere? Nesi anasuzumira. Anabadwa mu Meyi 1993. Kugonekedwa, koyamba. Kalendala ananena kuti iye anagona ku wodiyo mu 2009, pamene munthu wobadwa 1993 anali ndi zaka 15, ndipo wodi yakale sinkalandira ana.

Nesi anati achibale amabisa. Theka la mafayilo amene ali m'kabatimo amati koyamba, pamene munthu ndi kachitatu. Zaka nazonso amangolemba zimene wauzidwa. Koma anasiya kukoka mankhwala, jakisoni ali theka.

Kalendala anapempha kuti awerengenso tsamba la zipsera, limene amalemba tsiku lolowa. Nesi anati palembedwa kuti palibe. Pamenepo Kalendala anapinda mwendo wa thalauza lake wakumanzere, pang'onopang'ono, kuti wina asati akuvula. Pamwamba pa kakolo panali chipsera chozungulira mwendo wonse, chotakata ngati zala ziwiri, chosalala ndi chowala. N'chifukwa chake sankavala siketi.

Nesi anatuluka mu ofesi n'kuyang'ana, ataima patali pang'ono. Anati chipsera wachiona, koma iye amawadziwa anzake: munthu akafika wodi ili yodzaza, amangolemba kuti palibe, osamuyang'ana n'komwe. Anati iye ali yekha, adokotala abwera mawa, ndipo akatsegulira wodwala chitseko kapena kumupatsa foni n'kukhala kuti wanamizidwa, ntchito yake yathera pomwepo. Ankalankhula ngati akupempha kuti wina amuthandize kusankha.

A Makiyi sanayang'ane chipseracho. Anali atayamba kusanja mbale zimene zinali zosanja kale.

Chitseko chachikulu chinalira 1:39, ndipo panalowa amuna awiri ovala makoti oyera. Wamtaliyo anafunsa kuti wolusayo ndi uti, popeza akungoona anthu aulemu okhaokha. Mnzake anati amenewo ndiye oopsa. Anaima wina uku wina uku, akupinda manja a makoti. Nesi anawauza kuti adikire pang'ono.

Kalendala anatembenukira kwa a Makiyi. Anawafunsa ngati akukumbuka amene ankabwera kudzamuona Loweruka. A Makiyi anati pakhomo pano padutsa anthu ngati mchenga, sangasunge alendo a aliyense m'mutu. Anati zakale zinapita, mwanawe, landira mankhwala upume, ukadzuka zonse zikhala bwino.

"Loweruka pa 14 Marichi 2009," anatero Kalendala. "Ndinali nditakhala pa malamba masiku khumi ndi limodzi. Lamulo linkati maola anayi, ndipo adokotala asaine. Palibe anasaina, ndipo m'fayilo yanga simunalembedwe kanthu. Ndinaiwerenga."

A Makiyi anati iwo sankalemba mafayilo.

"Sindikukuimbani mlandu, amayi. Munali awiri pa anthu makumi asanu ndi limodzi, ndipo ine ndinkaswa mawindo. Ndikufuna za tsiku limenelo basi. Munauza alendo anga kuti ndagona. Mmodzi sanamvere."

Anafotokoza zotsalazo osakweza mawu. Kamtsikana ka sukulu kanazemba pakhomo ndi jumbo ya malalanje, kanathamanga m'kati mwa mabedi mpaka kanamupeza, ali chigonere m'mikodzo yake, mwendo utatupa, lamba atalowa m'mnofu. Kanayamba kumasula. Wothandiza m'wodi anakagwira kumbuyo, ndipo kanamuluma dzanja osasiya mpaka anthu atatu anachita kukakoka. Phokoso limenelo ndi limene linabweretsa adokotala, ndipo malamba anachotsedwa tsiku lomwelo.

Amuna awiri aja anayang'anana. Nesi anayang'ana a Makiyi. A Makiyi anali ataika dzanja lawo lamanja pansi pa epuloni.

Kalendala anadziwa chimene ankawapempha. Mayi ameneyu anali woti apuma ntchito mu Disembala, ndi mbiri yabwino, ndi phwando la tiyi ndi keke. Anali kumupempha kuti avomere pamaso pa nesi wamng'ono ndi amuna awiri okonda nkhani kuti anamanga munthu masiku khumi ndi limodzi. Ndipo akanangoti sakukumbuka, palibe akanamutsutsa. Mawu a wovala zobiriwira sakanalemera kuposa ake.

Wotchi inkati 1:46. Wina kumapeto kwa wodi anayamba kuimba nyimbo ya maliro, mnzake anamuuza kuti atseke pakamwa, palibe wafa.

"Amene anandimasula uja ndi amene watuluka," anatero Kalendala. "Akudwala monga ndinkadwalira ine. Akupita kukamiza mwana wake, ndipo akuganiza kuti akumuthandiza. Akadzachira adzafunsa kuti mwana ali kuti."

A Makiyi anatulutsa dzanja lija n'kulitambasulira nesi. Pakati pa chala chachikulu ndi chamkombaphala panali timizere toyera tokhota, m'mwamba ndi m'munsi.

"Analipo awiri," anatero. "Womangidwa pabedi uja ndi uyu. Anali wamkulu kale, wa ku koleji. Kondiluma kanali kamng'ono kake, nkhope yomweyi. Ndinasokedwa katatu. Lamba uja ndinamanga ndine. Mupatseni foni, anesi."

Nesi anaika jakisoni m'thireyi. Anatulutsa foni yake m'thumba n'kuipereka. Inali 1:49.

Kalendala anadina nambala ya bambo ake. Inaitana mpaka kuduka. Anadinanso, inaitana mpaka kuduka. Anawaona m'maganizo ali pampando wawo, khutu labwino atatsamiritsa kukhoma, foni ili pa tebulo pansi pa nyuzipepala. Anadziuza kuti padakali mphindi khumi. Kachitatu anayankha.

Anali okondwa. Anafunsa kuti ndani, anafunsanso, kenaka anati Kalendala wachita bwino kumutulutsa mng'ono wake, akuoneka bwino kwambiri, wafika kale kanthawi ndithu. Pamenepo Kalendala anaona pamene analakwitsa. Anawerengera mphindi za pakati pa sabata. Lamlungu misewu imakhala yopanda magalimoto.

Anafunsa kuti mwana ali kuti. Bambo anati ali pamiyendo pawo pompano, akumuvula timalaya, chifukwa mayi wake ali kubafa akudzaza beseni. Kalendala anawauza kuti anyamule mwanayo atuluke panja. Anati sakumva. Anabwereza. Anati foni ya masiku ano mawu ake ndi a udzudzu, alankhule ngati munthu wadya.

Kwa mphindi makumi anayi ndi zisanu anali atasunga mawu ake pansi. Anayang'ana amuna awiri aja, ndi thireyi ya jakisoni imene inali pawindo. Kenaka anakuwa ndi mphamvu zake zonse, moti wodi yonse inamva.

"Ababa, nyamulani mwanayo mutuluke naye panja! Tsopano lino!"

Mwamuna wamtali uja anasuntha phazi. Nesi anamugwira mkono.

Bambo anakhumudwa. Anati sanalere mwana wowakalipira, ndipo khanda silituluka panja lili maliseche, kunja kuli mphepo. Anati mayi akufuna kusambitsa mwana wake, iwo ndi ndani kuti amuletse? Chapatali kumbuyo kwawo kunkamveka madzi akuthira m'beseni.

"Ababa, ndinakunamizani. Mzime sanatope, akudwala matenda anga aja. Lachitatu ndinamupeza akumiza mwanayo. Sanamutulutse, wathawa. Musamuuze kanthu, ingotulukani. Pitani kwa ometa tsitsi aja kutsidya kwa msewu."

Kalendala anakanikiza foni kukhutu mpaka kuwawa. Madzi aja anasiya kuthira. Kunamveka mawu a Mzime, okoma, akuitana kuchokera kubafa kuti madzi afunda bwino, ababa abwere naye. Mpando unalira. Kunamveka kupuma kwa munthu wokalamba akudzuka ndi katundu m'manja, ndi foni ikukhulana ndi nsalu, ngati yaponyedwa m'thumba la malaya. Mapazi okwekwereza. Mzime anaitananso, pafupi tsopano, akufunsa kuti akupita kuti. Bambo anayankha kuti akukamuonetsa dzuwa pang'ono, abwera. Mzime anati ayi, amupatse kaye. Bambo anati sakumva, khutu lavuta lero.

Loko wa chitseko anavuta monga ankavutira nthawi zonse. Analira kamodzi, kawiri. Kachitatu chitseko chinatseguka, ndipo m'fonimo munalowa phokoso la msewu, njinga yamoto, ana osewera mpira, kenaka makina ometera ndi mawu a mwamuna akudabwa kuti agogo, mwana ali maliseche chonchi mukupita naye kuti.

Kalendala anakuwanso kuti bambo apereke foni kwa wometayo. Anali munthu wowadziwa zaka zambiri, ndipo sanafunse zambiri. Kalendala anamuuza kuti atseke chitseko cha shopu, mwana ndi agogo akhale mkati. Wometa anasuzumira pawindo n'kunena kuti Mzime waima pageti la nyumba, manja ali onyowa, sakuwoloka msewu, akungoyang'ana. Kalendala anapempha kuti mkazi wake apite akakhale naye. Asamugwire, asamukalipire, asaitane anthu. Angokhala naye pakhonde ndi kumulankhula za chilichonse mpaka galimoto ya chipatala ifike.

Nesi anali kale pa foni ya mu ofesi, akuitana dalaivala, kenaka akulu a manesi. Anafufuta 24 pabolodi ndi chala. A Makiyi anakhala pabenchi pafupi ndi Wailesi, manja ali pamiyendo, ndipo Wailesi ankawafotokozera kuti iye ananena kalekale, koma pano munthu amamveka akakhala ndi nsapato. Amuna awiri aja anafunsa ngati apite nawo. Kalendala anati apite, koma atsale m'galimoto pokhapokha iye atawaitana, ndipo kumbuyo akhala ndi iye ndi mng'ono wake, popanda chingwe chilichonse. Palibe anatsutsa.

Kalendala anali akadali pasimenti paja. Foni inali ikadali kukhutu, ndipo bambo anali atailandanso. Ankalankhula mokweza monga amachitira ogontha, akufunsa chifukwa chake sanawauze, ngati iwo ndi mwana, ngati sanali iwo amene ankakwera minibasi ziwiri Loweruka lililonse mu 2009. Kalendala anati akambirana madzulo, ndipo walakwa ndi iye. Bambo anati mwanayu wazizidwa, amufunditsa thawulo la ometa, ndipo tsopano wayamba kulira, sakudziwa kuti amutonthoze bwanji popanda botolo lake.

Kulirako kunkamveka bwino, kwamphamvu, kwaukali, kodukiza pokoka mpweya.

"Musamutonthoze kaye, ababa," anatero Kalendala. "Yandikitsani foni. Ndikufuna ndimve."